Inki ya Pangano la pa Mlatho

Inki ya kumapiri inali ndi khalidwe lake: inkasunga mtima wa woiphika. Ukavundula mphika uli wokondwa, aliyense wowerenga mawu olembedwa ndi inkiyo ankangozindikira akumwetulira, ngakhale atakhala mawu a msonkho. Ukavundula utalongolola ndi mwamuna wako m'mawa, ndiye kuti wagwedeza mabanja a eni ake kutali uko. N'chifukwa chake pakhomo pa nyumba iliyonse yophikira inki pankakhala mtsuko wopanda kanthu. Usanagwire mthiko unkawerama n'kuuza mtsukowo zonse zimene zikukudya mumtima, mokweza ndithu osati monong'ona, kenako n'kuvundikira. Kumeneko ankati kusiya mtima pakhomo. Chimene wachitchula chinkatsala mumtsuko momwemo. Chimene wachibisa chinkalowa nawe mpaka mumphika.

Inkiyo inalinso yosankha. Inkadya pepala lililonse n'kuliboola ngati njenjete, kupatula pepala la kuchigwa, lopangidwa ndi bango la m'madambo a dziko la tsidya lina la mtsinje. Nalo pepalalo linali ndi mwano wake. Silinkawola, silinkapsa ndi moto, koma inki ina iliyonse inkangoterereka pamenepo n'kudonthera pansi. Ngakhale mwana akanaona kuti maiko awiriwa ayenera kumvana. Koma mafumu awo anakangana pa nkhani yoti ndani ayambe kupereka moni, mlatho unatsekedwa, ndipo malonda anathera pomwepo. Kuchigwa mapepala anaunjikana mpaka anthu ankakulungiramo nsomba. Kumapiri otola mwaye anayamba kugulitsa makala, opanga mabotolo anapita kukapempha maganyu, ndipo msewu wa ophika inki unamera udzu.

Mumsewumo munatsala nyumba imodzi yokha yofuka utsi, ya munthu ndi mng'ono wake, amene ankaphikabe pang'onopang'ono kuti manja asaiwale. Wamkuluyo anthu ankawatchula a Zikhadabo, chifukwa zikhadabo zawo zinada kalekale ndipo panalibe sopo amene akanaziyeretsa. Dzinalo sankadana nalo, ankaliona ngati umboni wa ntchito. Ndiwo anatsala ndi mthiko wa malemu mayi awo, ndiwonso anaphunzitsa mng'ono wawo kusefa mwaye, kusungunula utomoni, ndi kumva ndi dzanja nthawi imene inki yayamba kugwira. Mng'onoyo ankamuti Kambalame, poti ankaimba povundula, nyimbo zopanda mutu zongopeka pompo, mpaka a Zikhadabo kumva litsipa.

Mafumu okanganawo atatsikira kuli chete, ana awo anayamba kutumizirana akazembe. Zokambirana zinkangothera m'malere, chifukwa aliyense ankabwera kudzaonetsa kuti katundu wa mnzake alibe naye ntchito. Pamapeto pake anagwirizana chimodzi: adzakumane muholo ya pa mlatho, pangano lilembedwe ndi inki ya kumapiri pa pepala la kuchigwa, aliyense awerenge. Kusaina kapena kusasaina, zidzaoneka komweko. Ndipo pangano likadzatheka, wophika inki ya tsikulo ndiye adzadinde chala chake pa phula la botolo lililonse lowoloka mlatho, moyo wake wonse.

A Zikhadabo atamva zimenezi anakolopa nyumba yonse, anapukuta ngakhale mashelefu apamwamba amene palibe amawaona. Tsiku limene nduna ya zamalonda inabwera, anavala diresi lawo la ku ukwati n'kuima pafupi ndi mphika waukulu, mthiko wa mayi awo uli m'manja. Ndunayo, bambo wamtali wovutika ndi chimfine, inawapatsa moni mwaulemu, kenako inasuzumira kuseri kwawo.

"Nanga mng'ono wanu uja ali kuti, mayi?"

Kambalame anatulukira kumene ankasefa mwaye, nkhope ili mbuu, mpango utapendama.

"Inuyo ndi amene mutiphikire inki ya pangano," inatero nduna.

"Ine? Bwana, mwasokoneza. Odziwa ndi achemwali angawa."

"Sindinasokoneze. Mayi, musandimve molakwa," ndunayo inatembenukira kwa a Zikhadabo. "Inki yanu ndi yakuda kuposa ya wina aliyense, zimenezo dziko lonse likudziwa. Koma ili ndi kamtima kapachala. Tili ndi chigamulo china chakale kukhoti kuja, cholembedwa ndi inki yanu. Mpaka lero aliyense akachiwerenga amatuluka n'kukalipira mlonda. Anthu amene tikukakumana nawo ndi amakani kale. Tikufuna inki yofatsa."

"Zoona, bwana," anatero a Zikhadabo, akumwetulira mpaka masaya kuwawa. "Mwanayu ndi wofatsadi. Ndinamuphunzitsa ndine."

Mawu omalizawo palibe anawatola. Nduna inali itayamba kale kufotokozera Kambalame za mkanjo wofiira umene adzamusokere.

Kuyambira tsiku limenelo a Zikhadabo chakudya chinasiya kuwakomera. Anthu a mumsewumo ankabwera kudzayamikira, ena atanyamula nkhuku, ndipo ankadutsa a Zikhadabo pakhomo ndi moni wachidule ngati wopatsa wantchito. Otola mwaye anabweretsa mwaye wosalala umene a Zikhadabo anaupempha zaka ndi zaka osauona. Ngakhale mwamuna wawo, munthu amene sankadziwa kusiyanitsa inki ndi madzi a m'ngalande, anati akutsuka mkamwa, "Komatu mng'ono wakoyu ali ndi dzanja, eti?" A Zikhadabo anamuyang'ana mpaka bamboyo anakumbukira kuti ali ndi ntchito ina kuseri.

Chinkawawa kwambiri n'chakuti Kambalame sankanyada. Akananyada bwenzi zili bwino, munthu akanakhala ndi pomugwira. Koma iye ankangobwera, "Achemwali, utomoniwu wakwana?" "Achemwali, motowu sunachuluke?" Ndipo a Zikhadabo ankayankha zoona zokhazokha, chifukwa kunamiza munthu pa ntchito sankatha. Ankamupatsa nzeru zawo ndi manja awiri, kwinaku akuona nzeruzo zikulowa mumphika umene udzatchuka ndi dzina la wina. Anabwereketsanso mthiko wa mayi awo, poti Kambalame anaupempha pamaso pa anthu.

M'mawa uliwonse ankawerama pa mtsuko wa pakhomo monga mwa mwambo. Ankauuza za bondo lawo lotupa, za denga lodontha, za mkonono wa mwamuna wawo, za mbuzi ya aneba imene inadya malaya pa chingwe. Nkhani yeniyeniyo inkafika pakhosi n'kubwerera. Akanaitchula bwanji mokweza, zenera lili apo, Kambalame ali mkatimo? Komanso kuitchula kukanakhala kuvomera, pamene iwo ankadziuza kuti si nsanje ayi, koma kungoti chilungamo sichinayende bwino. Motero ankavundikira mtsuko n'kulowa, katundu wawo ali chisenzere.

Tsiku lophika, dzuwa lili paliwombo, inki itangoyamba kugwira, panafika telala wa kunyumba ya mfumu, tepi ili m'khosi, nsalu yofiira ili kukhwapa. Anali wothamanga, ndipo anati kudikira sangathe. Inki ikayamba kugwira sisiyidwa. Ukangoimitsa dzanja imachita mibulu, mphika wonse kutayika. Lamulo la pangano linali loti ivundulidwe ndi dzanja la munthu mmodzi yekha, koma Kambalame anayang'ana telala, anayang'ana mphika, kenako anayang'ana mkulu wake.

"Achemwali, tandigwirirani pang'ono pokha. Palibe adziwe. Mtima mwasiya pakhomo, eti?"

"Iwe, ukufuna kundiphunzitsa ntchito ine? Bweretsa kuno."

Mthiko unabwerera m'dzanja la mwini wake. A Zikhadabo sanaganize zoononga kanthu, zimenezo tisawanamizire. Anavundula mwaluso kuposa tsiku lina lililonse, kupalira m'mbali, kubweza pakati, kuti mphikawo udziwe kuti wafika ndani. Koma chitseko cha chipinda chakutsogolo chinali chotsegula. Kambalame anaima pamenepo manja atatambasula, telala akumukulunga nsalu yofiira, ndipo nsaluyo inamukhala bwino zedi mwanayo. Anaseka telala atamugirigisha ndi tepi. A Zikhadabo anakumbukira mmene ankamuberekera kumbuyo popita kotola mwaye, mmene anapsera dzanja pomuchotsa pa moto, mmene mayi awo ankanenera kuti wamkuluyu ndi wolimbikira koma wamng'onoyu ndi wodalitsika. Dzanja linkazungulira, maso ali pa nsalu. Ankaifuna nsaluyo. Ankafuna kuseka kumeneko, khosi losalalalo, mtima wopepukawo, zonse ankazifuna, ndipo ankadana nazo chifukwa zinali za wina.

Kambalame atabwerera anasuzumira mumphika n'kuwomba m'manja. Inki inali yakuda bii, yonyezimira, yoti munthu n'kudziona nkhope.

"Mwaona? Ndimanena ine kuti odziwa ndinu!"

Kuyesa inki kumafuna pepala la kuchigwa, ndipo kumapiri konse kunalibe ngakhale kachidutswa kosalembedwa. Anaithira m'botolo osaiyesa, n'kutseka ndi phula. Apo m'pamene a Zikhadabo anayamba kuchita mantha, koma pakamwa panakhalabe potseka.

Holo ya pa mlatho inali yaitali, yonunkha chinyezi, tebulo lili pakati penipeni pa mzere wa malire. A Zikhadabo anaima kumbuyo, pakati pa otola mwaye. Kambalame anamukhazika kutsogolo ndi mkanjo wake. Kazembe wa kuchigwa, bambo wonenepa wa mphete chala chilichonse, analowa akuyasamula. Ananyamula botolo la inki ndi zala ziwiri ngati wanyamula khoswe wakufa.

"Ndiye mwaye umenewu ndi umene mwativutitsira ulendo wonsewu?"

"Ifenso tasiya ntchito zathu chifukwa cha udzu wouma," inayankha nduna, ikukankha mapepala ndi chigongono kuti ipeze poika mpango wake wa chimfine.

Mlembi analemba panganolo pang'onopang'ono, inki ikukhazikika pa pepala popanda kuboola kapena kuterereka. Atamaliza anapereka kwa kazembe. Bamboyo anayamba kuwerenga milomo ili yopinda monyoza. Atafika pakati anasiya kugwedeza mwendo. Nsagwada zinalimba. Anakweza maso n'kuyang'ana botolo lija cham'mbali, anameza malovu, anayang'ananso.

A Zikhadabo anamuyang'anitsitsa kazembeyo. Kayang'anidwe kameneko ankakadziwa. N'kamene ankakaona m'madzi a mumphika masiku onsewa.

"Anthu a m'miyala ngati inu," kazembe analankhula mawu atasasa, "chinthu chokongola chonchi anakupatsani ndani? Ife kungotipatsa bango basi?"

Nduna inalanda pepalalo n'kuwerenga. Nayonso nkhope inasintha. Inayamba kusisita m'mphepete mwa pepala ndi chala, mofatsa, ndipo itaona mulu wa mapepala kumbali ya a kuchigwa inatsonya.

"Ndipo akuti mumakulungira nsomba," inatero, ngati ikufuna kulira. "Pepala ngati ili, nsomba!"

Pepala linayenda dzanja ndi dzanja, ndipo paliponse pamene ladutsa anthu ankasiya kudzitukumula n'kuyamba kusirira za tsidya lina la tebulo. Amene anabwera kudzakana anali kulimbirana cholembera. Kazembe anasaina mofulumira kuopa kuti a kumapiri angasinthe maganizo, nduna inasaina mofulumira kuopa zomwezo. Asanaume n'komwe masainiwo, kazembe analamula mlembi kuti awonjezere mawu akuti inki yowoloka mlatho izikhala yonga iyi, osati ina. Kunja kunamveka nthungululu, ndipo otola mwaye anayamba kukumbatirana n'kudetsana malaya.

"Wophika inki imeneyi aime timuone," anatero kazembe.

Phazi la a Zikhadabo linasuntha lokha. Inki inali yawo. Mlatho anautsegula ndi iwo, ndi dzanja lawo, ndi mthiko wa mayi awo. Panangotsala kutsegula pakamwa. Koma kazembe anali asanamalize. Anayang'ana Kambalame n'kuseka mpaka mimba kugwedera.

"Mayi inu, nkhope yofatsa chonchi, koma mkatimo muli moto wotere? Tonse taumva pano. Imeneyi ndi nsanje yokhwima, yosungidwa bwino. Tatiuzani, mumamuchitira ndani?"

Holo yonse inafa nacho chiseko. A Zikhadabo anabweza phazi lawo. Kuti atenge ulemuwo anayenera kuyankha funso limenelo, pamaso pa maiko awiri, mng'ono wawo ali pomwepo.

Mwambo unali woti wophika awerenge pomalizira. Kambalame analandira pepala akumwetulira mosamvetsa. Anawerenga mzere woyamba, wachiwiri, ndipo kumwetulira kunazima. Anagwira pachifuwa. Inki ya mkulu wake ankaidziwa kuyambira ali mwana, sakanaisokoneza ndi ya wina. Anatembenuka n'kufufuza kumbuyo kwa holo mpaka maso awo anakumana.

"Ndaphika ndine, bwana," anatero. "Zinazo ndi za m'nyumba."

Anthu anasekanso n'kumuwombera m'manja. A Zikhadabo anawomba nawo. Anali atapulumutsidwa, ndipo ngakhale kupulumutsidwako kunawawawa, chifukwa mwanayo anachita bwino pamene iwo sakanatha.

Anabwerera kunyumba yophikira ija. Atalowa, Kambalame anavula mkanjo n'kuupinda, kenako anakhala pa thumba la mwaye.

"Achemwali, sindimadziwa kuti zimawawa chonchi."

"Ziti?"

"Ndawerenga, achemwali. Mumagona bwanji ndi chinthu chimenechi?"

"Usandimvere chisoni iwe!" A Zikhadabo anamenya tebulo mpaka mabotolo kulira. "Zonse watenga, ndiye ukufuna utengenso kundimvera chisoni?"

"Tiyeni kwa nduna mawa. Ndikanene kuti inki ndi yanu. Mkanjowu ndi wanu, chidindo ndi chanu."

"Ndiye akandifunse funso lija? Ndikayankhe kuti chiyani? Kuti mwana amene ndinamubereka kumbuyo..." Anapukusa mutu. "Ayi. Khala nazo."

Ngolo za kuchigwa zinayamba kufika zodzaza mapepala, ndipo zinkafuna kubwerera ndi mabotolo. Msewu wa ophika inki unadzuka. Udzu unalimidwa, opanga mabotolo anabwerako ku maganyu, ana amene anasiya sukulu anagulidwa nsapato. Kambalame anaphika mphika wake, ndipo poti tsopano pepala loyesera linalipo, analemba mzere n'kuwerenga. Munali chisoni chokhachokha. Anaphika wina atauza mtsuko chisoni chakecho, inki inatuluka yofatsa, yokoma, koma yosiyana kutali ndi imene inalembedwa m'pangano. Woyang'anira ngolo anawerenga n'kupukusa mutu. Anati abwana ake akufuna ija yoluma.

Pamenepo a Zikhadabo mtima unakhala pansi koyamba. Eya, tsopano mwaona. Dziko lonse likudikira dzanja langa. Anatenga mthiko wa mayi awo, anakankha mng'ono wawo ndi chiuno, n'kuvundula mphika wathunthu akung'ung'udza kanyimbo, iwo amene sankaimba. Inki inatuluka yakuda bwino. Kambalame analemba mzere, anawerenga, n'kupatsira mkulu wake. A Zikhadabo anawerenga n'kumva kukhuta, mtima uli myaa, wosafuna kanthu kwa munthu aliyense. Inki yabwino ndithu, koma yoti wogula akaiwerenga aona kuti zimene ali nazo zamukwanira.

Anayang'anana. Kunja woyang'anira ngolo ankafunsa mokweza ngati pangano la a kumapiri ndi la tsiku limodzi.

A Zikhadabo anapita kwawo akuganiza za kukhuta kumene anakumva powerenga paja. Anali ataiwala kuti munthu angathe kukhala choncho, kupuma mpweya mpaka pansi, kuona mnzako osamuyeza. Anakufuna kukhuta kumeneko kuposa mkanjo. M'mawa mwake anadzuka atatsimikiza mtima. Lero auuza mtsuko. Atchula mokweza, zenera likhale lotsegula, amve amene amve: ndimamuchitira nsanje mng'ono wanga. Akatero avundikira, ndipo za ngolo aziona eni ake.

Anayenda mofulumira, bondo osalimva, mawuwo akuwabwereza chamumtima kuti asathawenso. Anadutsa otola mwaye amene anali pa mzere ndi matumba awo, anadutsa mkazi wa wopanga mabotolo amene anawagwadira moni. Atafika pakhomo anawerama.

Mtsuko panalibe. Panangotsala chizindikiro chozungulira pa dothi pamene unkakhala.

Chitseko chinatseguka. Kambalame anaima pamenepo atavala mkanjo wofiira, m'mawa wa tsiku la ntchito, maso ali psuu. Kumbuyo kwake moto unali utayaka kale, ndipo pa tebulo loyang'anizana ndi mphika anali atandandalika mabotolo ndi phula lofewa, pamalo poti wovundula aziona chidindo chilichonse chikudindidwa.

"Mtsuko uli kuti?"

Kambalame anayang'ana mzere wa anthu mumsewu, kenako anayang'ana pansi. Anatambasula manja onse awiri, mthiko wa mayi awo uli pamenepo.

"Pepani, achemwali. Ndaubisa. Ngolo zikudikira inki yoluma ija."

A Zikhadabo anayang'ana mthikowo nthawi yaitali, kenako anaulandira n'kulowa. Kambalame anakhala pa tebulo, anakonza khosi la mkanjo wake, anadinda chala pa phula la botolo loyamba, likadali lopanda kanthu, kuti mkulu wake aone. Misozi ikutsika, anayamba kuimba.